Bwampini ndi Nkhokwe Yake ya Pansi

Bwampini ndi khoswe wamkulu woyenda usiku. M'midzi yoyandikana ndi nkhalango ya Lukusuzi, ntchito yake imaoneka m'mamawa: mtedza wachepa m'lichero, chisononkho chakokeredwa kuseri kwa nkhokwe. M'masaya mwake muli timatumba momwe amalongedzamo chakudya n'kupita nacho kuuna, komwe amakumba chipinda chogona ndi china chosungiramo.

Satuta zakudya zokha. Okumba una wake amapezamo timiyala, mafupa, zitsekerero za mabotolo, nthawi zina ngakhale ndalama zachitsulo. Si nkhanza ayi, ndi chibadwa chosungira masiku a njala, ndipo kanyamaka sikasankha kwenikweni chodyedwa ndi chosadyedwa. Kanyama kotchedwa ferret, komwe anthu a ku Ulaya amaweta m'nyumba, kamabisanso makiyi ndi masokosi pansi pa mipando, ndipo eni ake amangokapatsa bokosi lobisiramo.

Bwampini sasiya khalidweli, choncho chofunika n'kumutsekera njira. Nkhokwe imakwezedwa pamiyendo yokutidwa ndi malata oterera, mtedza ndi sopo zimagona m'chitini chovundikira, zotsala pabwalo zimasesedwa kusanade, ndipo maenje a m'tsinde mwa khoma amatsekedwa ndi miyala ndi dothi.