Mimba Sizipangana

Tiyerekeze chipatala chaching'ono chakumudzi kumene, mukawerengetsa chaka chonse, amayi atatu amabwera kudzachira usiku uliwonse. Woyang'anira akaona nambala imeneyi amaika mabedi atatu ndi mzamba mmodzi, n'kumati zatheka. Ine ndikuti sizinatheke, ndipo masamu akundivomereza.

Mayi wa m'mudzi uno sadziwa kuti mnzake wa kutsidya la mtsinje nayenso matenda amuyamba. Zinthu zofika mosapangana chonchi zili ndi lamulo lake, lodziwika ndi dzina la Siméon Denis Poisson, katswiri wa ku France amene analilemba mu 1837. Mu 1898 Ladislaus Bortkiewicz analiyesa pa asilikali a ku Prussia amene anafa atamenyedwa ndi akavalo m'zaka 20, ndipo linagwirizana ndi kaundula wa imfazo. Mu 1909 Agner Erlang analigwiritsa ntchito powerengera mafoni olowa pakampani ya matelefoni ku Copenhagen.

Kuwerengera kwake n'kosavuta. Ngati avareji ndi 3, mwayi woti usiku udutse popanda wobwera ndi pafupifupi 5 pa 100. Chulukitsani ndi 3, mupeza 15: mwayi wa mayi mmodzi. Chulukitsaninso ndi 3 n'kugawa ndi 2, mupeza 22.5 ya amayi awiri. Pitirizani, mukugawa ndi 3, 4, 5: atatu 22.5, anayi pafupifupi 17, asanu 10. Zonsezi pamodzi ndi 92. Zotsala 8 zija ndi usiku wa amayi asanu ndi mmodzi kapena kuposerapo, umene umagwa kawiri kapena katatu pamwezi. Ndipo mabedi atatu aja amachepa pafupifupi usiku umodzi pa atatu alionse.

Apa m'pamene mtima wanga umawawa. Mayi akachirira pansi, anthu amati latsoka tsikulo, ena amadzudzula mzamba kuti ndi waulesi. Chonsecho usikuwo unali kuonekera papepala chaka chisanayambe.

Lamuloli lili ndi malire ake. Limafuna kuti ofikawo asakokane, choncho silingathandize pa ngozi ya minibasi yobweretsa ovulala khumi nthawi imodzi, kapena pa kolera wofalikira pachitsime chimodzi. Koma kumeneko zinthu zimaunjikana kuposa mmene Poisson akunenera, ndiye wodalira avareji amalakwitsa koposa. Okonza bajeti ya chipatala chotere aikemo bedi lachinayi, lachisanu ndi lachisanu ndi chimodzi, komanso ndalama ya mzamba wachiwiri woti azitha kuitanidwa usiku.