Kodi Thukuta la Dzulo Lingalowe M'malo mwa Setifiketi?

Boma likafuna anthu ogwira ntchito za kanthawi kochepa, monga kalembera wa anthu kapena kuthandiza pa zisankho, limalengeza zoyenereza: setifiketi yakutiyakuti ndi zaka zakubadwa zakutizakuti. Pakati pa omva chilengezocho pamakhala ena amene adagwirapo ntchito yomweyo monga aganyu, koma zoyenereza zatsopano zawatsekera kunja. Iwowa amapempha kuti malamulowo awafewetsere. Kodi pempho lotere n'lachilungamo, kapena n'kupempha kukonderedwa?

Aganyu akalewa ali ndi mfundo yomveka. Setifiketi ndi mboni chabe yonena kuti munthu angathe kugwira ntchito. Tsono munthu amene adaigwira kale ntchitoyo mwaluso ali ndi mboni yoposa pepala, pakuti adaonetsa ndi manja ake chimene pepalalo limangolonjeza. Akuluakulu adati galu wamkota sakandira pachabe. Kuonjezera apo, waganyu salandira penshoni. Ntchito ikatha amabwerera kwawo chimanjamanja. Kumuuza kuti sayenera ntchito imene adakhetsapo thukuta kumakhala ngati kumulanda chokhacho chimene adatsala nacho, ndicho luso lake.

Komabe pachipata chomwecho paimanso mtsikana amene wangokhoza kumene mayeso a MSCE. Iyeyu sadagwirepo ntchito, osati chifukwa cha ulesi, koma chifukwa sadapatsidwepo mwayi. Malo onse akasungidwira akale, iye adzayambira pati? Ntchito ya boma ndi ya anthu onse, popeza malipiro ake amachokera m'misonkho ya onse. Palinso nkhawa yakuti ngati ena mwa aganyu akale adalowa ntchito kudzera mwa achibale, kuwafewetsera malamulo kungakhale kudalitsa kukondera kwakale.

Mbiri ya maphunziro m'Malawi ikhoza kuunikira nkhaniyi. M'chaka cha 1994 boma lidachotsa fizi m'sukulu za pulayimale, ndipo chiwerengero cha ana chidakwera kuchoka pa 1.9 miliyoni kufika pafupifupi 3 miliyoni. Pofuna kuti anawo asakhale opanda owaphunzitsa, boma lidalemba anthu pafupifupi 18,000 amene anali asanapite ku koleji ya uphunzitsi, ambiri mwa iwo okhala ndi JCE yokha. Patapita nthawi, anthuwa sadauzidwe kuti abwerere kwawo, komanso sadangopatsidwa setifiketi yaulere. Kuyambira mu 1997 ndondomeko ya MIITEP idawatenga m'magulumagulu: miyezi itatu ku koleji, kenaka kuphunzira ali pantchito, ndipo pomaliza kulemba mayeso. Khomo lidakulitsidwa polemekeza ntchito imene adagwira, koma udindo wophunzira sudachotsedwe.

Chitsanzochi chikuonetsa kuti zoyenereza zilipo za mitundu iwiri. Zina n'zongosefera anthu pofuna kuchepetsa mulu wa makalata ofunsira ntchito, monga malire a zaka zakubadwa pa ntchito yosalira mphamvu zambiri. Zoterezi zingafewetsedwe popanda kuononga kanthu, makamaka kwa munthu amene zaka zake zidathera pantchito ya boma yomweyo. Koma zoyenereza zina ndizo mtima wa ntchitoyo. Kalembera wa mu 2018 adachitika pogwiritsa ntchito matabuleti m'malo mwa mapepala. Munthu amene adawerenga anthu mokhulupirika mu 1998 ndi mu 2008 sakadanena kuti asaphunzire chipangizo chatsopanocho, chifukwa chiwerengero cholakwika chimasokoneza mapulani a sukulu ndi zipatala za dziko lonse. Apa mpamene tsabola wakale sawawa.

Choncho pempho la aganyu akale n'loyenera kulimvera, koma mosamala. Kufewetsako kulembedwe poyera m'chilengezo chenichenicho, ndipo kukhudze aliyense amene ali ndi umboni wakuti adagwira ntchito bwino, osati yekhayo wodziwana ndi wolemba ntchito. Luso lofunika pantchitoyo liyesedwe mofanana kwa onse, ndipo malo ena atsalire achinyamata oyamba kumene. Dziko loiwala amene adalitumikira pa nthawi yamavuto lidzasowa olithandiza mavuto ena akadzabwera, koma lotsekera ana ake kunja lidzasowa olowa m'malo mwa akalewo akadzatopa.