Safunsa Adadya Phula: Za Oyenda Njira za ku Kumano

Safunsa adadya phula. Akuluakulu adaupeka mwambiwu poona munthu amene wapatsidwa chisa cha njuchi, m'malo mofunsa eni ake kuti chodyedwa n'chiti, iye n'kungoponya m'kamwa zonse, uchi n'kumudontha m'zala, n'kutsala akulimbana ndi phula. Timakonda kuuponyera ana mwambi umenewu. Koma ine ndimaona kuti amene umamuyenera kwambiri ndi munthu wamkulu wapaulendo, wandalama zake m'thumba, wafoni yodziwa mapu a dziko lonse, amene amaona ngati kufunsa n'kudzitsitsa.

Tiyeni tiuyese mwambiwu kutali, ku Japan. Kummwera kwa mizinda ya Osaka ndi Kyoto kuli chigawo cha Kii, dziko la mapiri okhaokha lomwe lidalowerera m'nyanja yaikulu. Kumeneko kuli akachisi atatu otchuka a ku Kumano, omwe ndi Hongu, Hayatama ndi Nachi, ndipo njira zapansi zopita kwa akachisiwa zimatchedwa Kumano Kodo. Anthu aziyenda kwa zaka zoposa 1,000. Mfumu yaikulu Uda, itatula pansi udindo, idapitako m'chaka cha 907, ndipo ina yotchedwa Go-Shirakawa idapitako maulendo oposa 30, chonsecho kuchokera ku Kyoto, kupita ndi kubwera, unali ulendo wa pafupifupi mwezi wathunthu. Pambuyo pake anthu wamba adachuluka m'njiramo mpaka eni dziko ankati opita ku Kumano akunga mzere wa nyerere. Mu 2004 bungwe la UNESCO lidaika njirazi m'kaundula wa chuma cha dziko lonse lapansi, ndipo lero alendo a mitundu yonse akuziyenda, ena okha, ena motsogozedwa ndi namulondola.

Wina afunsa kuti namulondolayo ngwachiyani. Funsolo n'lomveka, pakuti njira yotchuka ya Nakahechi, yoyambira pa Takijiri kukafika ku Hongu, mtunda wa makilomita pafupifupi 40, kusochera kwake n'kovuta. Pa mamita 500 alionse pali chipika cholembedwa nambala, ndipo pamphambano zina pali zikwangwani zokuchenjeza kuti uku si ku Kumano, bwerera. Zikadakhala kuti ntchito ya wotsogolera n'kuloza njira basi, bwenzi zipikazo zitamulanda kale ntchito.

Koma kuyambira kalekale ntchito yake siinali imeneyo yokha. Otsogolera akale, omwe ankatchedwa asendatsu, ambiri anali anthu opembedzera m'mapiri. Ankasonkhanitsa apaulendo kumidzi kwawo, n'kuwauza zoyenera kusala, mtsinje woyenera kusambamo, ndi tiakachisi ta m'mbali mwa njira pomwe ayenera kuima n'kupereka nsembe. Akafika nawo ankawasiya m'manja mwa osunga kachisi kuti awapatse pogona ndi kuwapempherera. Panalinso azimayi odzipereka ku chipembedzo amene ankayendayenda m'dziko atanyamula zithunzi zojambula pamanja, n'kumafotokozera anthu za Kumano kuti akaone okha. Ulendo umenewu udakula ndi pakamwa pa anthu. Masiku ano ntchitoyi ili m'manja mwa eni dera otchedwa akataribe, ndipo ambiri mwa iwo ndi achikulire obadwira m'mapiri momwemo.

Phindu lawo limaoneka bwino pamalo ena otchedwa Fushiogami. Woyenda yekha akafikapo amaona kamtunda, minda ya tiyi, ndi chigwa chakutali, n'kujambula chithunzi, n'kupitirira. Woyenda ndi mwini dera amaimitsidwa, n'kulozeredwa kadontho m'chigwamo. Pamenepo, amauzidwa, ndi pamene oyenda akale ankayamba kuona kachisi wa Hongu atatha masabata akukwera ndi kutsika, ndipo ankagwa chafufumimba n'kupembedza. Amauzidwanso nthano ya mlakatuli wamkazi Izumi Shikibu, yemwe akuti atafika pamalopa ali kumwezi adaganiza kuti sangayandikire malo oyera, koma mulungu wa ku Kumano adamulotetsa kuti abwere ndithu. Kaya zidachitikadi kaya ndi nthano chabe, chimene ikuphunzitsa n'choona: Kumano ankalandira akazi, odwala ndi osauka, pa nthawi imene phiri la Koya, lomwe lili m'chigawo chomwecho, linkaletsa akazi mpaka 1872. Ine nkhani imeneyi ndimailemekeza kuposa kutalika kwa chipata chilichonse.

Ndiye ukatsika n'kufika ku Hongu, n'kukwera makwerero amiyala 158, umapeza kachisi wokongola wa denga la makungwa. Safunsa amakhutira, amati ndafika. Sadziwa kuti kachisi amene mafumu aja ankagwadira sanali paphiripo ayi. Anali kumunsi, pachilumba chamchenga cha Oyunohara, pomwe mitsinje imakumana, ndipo kwa nthawi yaitali panalibe mlatho, moti aliyense, kaya mfumu kaya kapolo, ankawoloka madzi ozizira ndi miyendo yake asanapembedze. Mu 1889 madzi adasefukira n'kukokolola nyumba zambiri za kachisiyo. Zomwe zidapulumuka ndi zimene adazisamutsira kumtunda mu 1891. Madzi saiwala khwawa, ndipo anthu a kumeneko adavomereza, sadalimbane nawo. Pamalo akalewo lero pali bwalo la udzu ndi mitengo, ndi chipata chachikulu chotalika mamita pafupifupi 34 chomwe chidamangidwa m'chaka cha 2000. Popanda wokuuza, bwalolo ungaliyese pongopumulira, chonsecho mpamene padali mutu wa ulendo wonse.

Palinso za mwambo, zimene munthu sangazitole m'mapu. Pachipata cha kachisi wa Chishinto, chipembedzo chamakolo cha ku Japan, umawerama kaye, ndipo suyenda pakatikati pa njira chifukwa mpodutsa eni malo osaonekawo. Pachitsime umasamba dzanja lamanzere, kenaka lamanja, n'kuchukucha m'kamwa ndi madzi otungira m'dzanja, osamwera m'chikho. Popemphera amawerama kawiri, kuomba m'manja kawiri, n'kuweramanso kamodzi, koma ukalowa m'kachisi wa Chibuda suomba m'manja, umangowaphatikiza phee. Sikuti mlendo wa chikhulupiriro china akukakamizidwa kupembedza, iyayi. Akhoza kuima pambali mwaulemu, ndipo palibe amene angamudzudzule. Koma kwa eni kulibe mkuwe. Amene akudziwa malire a ulemu wa pamalopo ndi mwini wake, ndipo kumufunsa sikutenga ngakhale mphindi.

Ku Nachi ndiye kumene osafunsa amachuluka, chifukwa basi imafika pafupi. Amatsika, kujambula nsanja yofiira yosanjikiza katatu ndi mathithi a mamita 133 kumbuyo kwake, n'kukwera basi yomweyo. Chithunzicho n'chokongoladi, sindikana. Koma funsa chifukwa chake kachisi wa Chibuda wa Seiganto-ji wagundizana khoma ndi kachisi wa Chishinto, ndipo umva mbiri ya dziko lonse. Kwa zaka mazanamazana zipembedzo ziwirizi zidali zolukanalukana, mulungu mmodzi yemweyo akumatchedwa ndi maina a mbali zonse ziwiri. Boma la mfumu yaikulu Meiji litayamba mu 1868 lidalamula kuti zilekanitsidwe, ndipo akachisi ambiri a Chibuda adagwetsedwa. Pa Nachi ndi pamodzi mwa malo pomwe ungaonebe ndi maso momwe zidalili lamulolo lisanabwere. Uuzidwanso kuti mathithiwo anthu amawayesa mulungu, n'chifukwa chake pamwamba pake padamangidwa chingwe chopatulika.

Nkhani imene imandigwira mtima kwambiri ndi ya mitengo. Munthu akamayenda m'njirazi amaona nkhalango yowirira n'kumati iyi njachilengedwe. Si yonse. Gawo lalikulu ndi mikungudza yobzalidwa m'mizere kuti anthu azicheka matabwa, yambiri itabzalidwa nkhondo yachiwiri ya dziko lonse itatha. Mitengo yakale yeniyeni idatsala mozungulira akachisi, monga momwe kwathu mitengo yachilengedwe idatsalira kumanda. Ndipo nayonso idapulumuka mwa apo ndi apo. Mu 1906 boma lidalamula kuti tiakachisi ta m'midzi tiphatikizidwe, ndipo m'zaka zochepa akachisi pafupifupi 70,000 adathetsedwa m'dziko lonse. Kachisi akachoka, nkhalango yake inkagulitsidwa kwa ocheka matabwa. Madera a Wakayama ndi Mie, momwe mukudutsa njira za Kumano, ndi ena mwa amene adavulala kwambiri.

Padali munthu wina wokhala mumzinda wa Tanabe, m'chigawo chomwecho cha Kii, katswiri wa zomera dzina lake Minakata Kumagusu, yemwe adakana kukhala chete. Adalemba m'nyuzipepala, adalembera akuluakulu a ku Tokyo, ndipo mu 1910 adatsekeredwa m'chitokosi atalowerera msonkhano pofuna kukumana ndi mkulu wina wolimbikitsa lamulolo. Iye ankanena kuti ukadula nkhalango ya kachisi wapha zomera ndi mbalame, waphanso mgwirizano wa mudzi. Mikungudza ikuluikulu ya pa Tsugizakura, yomwe akuti ili ndi zaka pafupifupi 800, ilipo lero chifukwa cha khama lakelo. Mawu a akulu akoma akagonera. Amene ankamuyesa wosokoneza adapita, ndipo adzukulu awo akulandira alendo obwera kudzaona mitengo imene iye adaikira kumbuyo. Mtengo sungakuuze zimenezi. Akuuza ndi gogo amene wakuimitsa pansi pake.

Kugombe nako kuli zake. Njira ya Iseji, yochokera ku kachisi wamkulu wa Ise, imatsata nyanja yakum'mawa, ndipo ukakwera pampata wa Matsumoto umaona gombe la Shichiri Mihama litatambalala makilomita oposa 20, lonse la timiyala tosalala. Chapafupi pali thanthwe la Hana-no-Iwaya, lotalika mamita 45, lomwe lilibe nyumba yopembedzeramo chifukwa thanthwe lomwelo ndiye kachisi, ndipo amati ndi manda a mulungu wamkazi Izanami. Pagombe la Nachi pali kachisi wa Fudarakusan-ji, pomwe pali bwato lopangidwa motengera akale, lokhala ndi kanyumba pakati. Woona yekha amati kabwato kokongola. Wofunsa amauzidwa kuti m'mabwato otero amonke ena ankatsekeredwa ndi chakudya chochepa, n'kukokeredwa pakati pa nyanja kuti akafunefune dziko loyera lakummwera, osabwereranso. Munthu akamva zimenezo, nyanja ija saiyang'ananso chimodzimodzi.

Ndipo nyanjayo njoopsadi. Zivomezi za 1944 ndi 1946 zidabweretsa mafunde aakulu pagombe limeneli n'kupha anthu ambiri, n'chifukwa chake m'midzi ya asodzi muli zikwangwani zoloza kothawira kumtunda. Mvula nayo kumeneko njochuluka, moti tauni ya Owase imalandira mamilimita pafupifupi 4,000 pachaka, ndipo namondwe wa mu September 2011 adagumula mapiri, kupha anthu ndi kudula njira zina za oyenda. Mwini dera akati lero tisakwere, tidikire, usamutsutse poti foni yako yanena zina. Galu wamkota sakandira pachabe.

Chondidetsa nkhawa n'chakuti anthu odziwawa akutha. Achinyamata adapita kumizinda, ndipo m'njiramo mumadutsa mipanda yamiyala ya minda yampunga yomwe idamera mitengo eni ake atasamuka. Njira nayo siidzisamala yokha. Mvula ikakokolola dothi, anthu odzipereka amasenza lina m'matumba kukwera nalo phiri, n'kukalitsendera ndi manja, pakuti galimoto silingafikeko. Mutu umodzi susenza denga, ndipo mitu yosenza denga limeneli ikuchepa chaka ndi chaka, pamene mapazi opondapo akuchulukirachulukira.

Choncho inu amene mwayi udzakufikitseni ku Japan, kaya pa maphunziro kaya pa ntchito, mukadzapeza masiku awiri kapena atatu, pitani ku Tanabe mukafunse za namulondola wa m'deralo, ndipo mukamulipire mosanyinyirika. Ngati miyendo siilola mtunda wautali, yendani naye makilomita 7 okha ochokera pa Hosshinmon kukafika ku Hongu. Mukagone m'nyumba ya alendo ya m'mudzi, mukadye mpunga wokulunga m'masamba a mpiru umene akakupatseni wa kamba, ndipo mukamva kuti kuli tsiku lokonza njira, mukapemphe thumba lanu la dothi.