Kutsogola sikufika

Mwambiwu unabadwira pa maulendo apansi. Mnyamata wopepuka miyendo amathamangira patsogolo, anzake osenza katundu akadali kuwoloka dambo. Pamphambano akhoza kusochera. Ngakhale afike, wafika yekha, ndipo ulendo wa gulu sunathe.

M'mawa ku Naperi mumakumana ndi alonda ochokera kuntchito, amakaniko olowera ku Ginnery Corner, amayi a madengu a tomato pamutu. Za anthu ngati amenewa Lenin analemba mu 1902 kuti paokha amangomenyera malipiro basi. Kuti agwetse ulamuliro wa eni chuma, iye anati, pafunika chipani cha anthu ochepa, ophunzitsidwa, osunga mwambo, choti chiwatsogolere. Mu 1917 chipani chotere chinalanda boma ku Russia.

Anansi athu a ku Mozambique anayesa njirayi. Mu February 1977, pamsonkhano wake waukulu wachitatu, Frelimo ya Samora Machel inalengeza kuti tsopano ndi chipani chotsogolera cha mfundo za Marx ndi Lenin. Sindipeputsa zomwe inachita: katemera anafika kumidzi, akuluakulu anaphunzira kulemba mayina awo, m'dziko limene Apwitikizi analisiya lili ndi madokotala owerengeka. Koma mlimi wa ku Tete anauzidwa kuti asiye mango ake ndi manda a makolo, akakhale m'mudzi wa pamodzi womwe sanaupemphe. Mafumu analandidwa mphamvu. Mu 1983 anthu opanda ntchito m'mizinda anakwezedwa ndege kukalima ku Niassa. Wodandaula ankamutcha mdani wa anthu, ndipo apa mpamene mtima wanga umawawa: wotsogola akasiya kucheuka, kulira kwa otsalira amakumva ngati chipongwe.

Renamo, yolimbana ndi Frelimo ndi zida, yoleredwa ndi Rhodesia kenako South Africa, inapeza mitima itawawa kale. Nkhondo yake yankhanza inathamangitsira kuno anthu pafupifupi miliyoni imodzi, ku Nsanje, Mwanza, Ntcheu ndi Dedza. Mu 1989 Frelimo inazisiya mfundo za Marx ndi Lenin zija.

Kwathu kuno Kamuzu ankadana ndi chikomyunizimu, ndipo Attati Mpakati, mtsogoleri wa gulu la chisosholizimu la LESOMA, anaphedwa ku Harare mu 1983. Komabe nafenso tinali ndi chipani chimodzi chotiganizira zonse. Achikulire a ku Naperi akukumbukira achinyamata a malaya ofiira akufunsa khadi pakhomo la msika, wopanda khadi n'kubwerera ndi dengu lopanda ndiwo. Tsiku lomwe Amalawi anafunsidwa maganizo, pa 14 June 1993, pafupifupi awiri mwa atatu alionse anasankha matipate.