KODI NAMSONGOLE NDANI?

Mwezi wa Januwale ukafika, dera lonse la kumadzulo kwa nyanja ya Chilwa limagwira ntchito imodzi. Kuyambira ku sikimu ya mpunga ya Domasi mpaka ku Likangala, ngakhalenso m'minda ya chimanga ya m'mbali mwa msewu wa ku Kachulu, anthu amaweramira pansi kuyambira mbandakucha, ena ndi khasu, ena ndi manja okha. Ndi nyengo yopalira. Mlimi aliyense amadziwa kuti udzu sudikira munthu, ndipo wochedwa kupalira amagawana chakudya chake ndi tchire. Paja akulu adati zengerezu adalinda kwaukwau.

Masiku ano ana athu ena amalimanso minda yongoyerekeza m'masewera a pa foni ndi pa kompyuta. M'minda imeneyo udzu umaonekera poyera. Mwana akangougunda ndi chala umazimirira pomwepo, mbewu zoyandikana nawo osagwedezeka konse. Sitikudzudzula masewerawo. Koma tikuona kuti ambiri a ife, akuluakulu omwe, timalakalaka kuti moyo wa m'mudzi ndi wa mu mpingo ukadakhala wotero: woipa adziwike msanga, achotsedwe kamodzi, otsalafe tikhale pa mtendere. Tsono funso lathu mwezi uno ndi ili: kodi munthu ali nayo mphamvu yozula munthu mnzake monga azulira udzu?

Tiyeni tiyambe tafunsa munda weniweni, pakuti umaphunzitsa zinthu zimene munda wa pa foni suzidziwa.

Choyamba, dzina loti udzu timapereka ndife. Bonongwe, chisoso, luni ndi denje zimamera zokha pakati pa chimanga popanda wozibzala. Wofulumira ndi khasu amazigwetsa, koma mayi wanzeru amazisiya, chifukwa mu Febuluwale, nkhokwe zitapepuka, ndiwo za banja lake ndi zomwezo. Chimodzimodzinso njedza za m'madambo a Chilwa: wopalasa bwato amadandaula nazo kuti zikutseka njira, chonsecho m'menemo ndimo mubisala ndi kuswana mlamba ndi matemba, ndimonso asodzi amamanga zimbowera zao. Chimene chikutisokoneza lero mwina ndicho chidzatidyetse mawa.

Chachiwiri, maso amanyengedwa. Alimi a mpunga amaudziwa mpunga wakuthengo ndi maudzu ena amene akali aang'ono amafanana kwambiri ndi Faya kapena Kilombero. Waganyu wosazolowera amazula mbewu nasiya udzu. Ndiponso ukachedwa, mizu ya ziwirizi imalukana m'matope, kotero kuti pozula chimodzi umasenzetsa chinzake.

Chachitatu, mdani woopsa saoneka msanga. Kaufiti, uja wa maluwa ofiira, amayamba ntchito yake pansi pa nthaka: amadziphatika ku mizu ya chimanga kapena mapira nayamwa madzi ndi chakudya, ndipo pamene akutulukira kunja, mbewu imakhala itapinimbira kale. Tsinde limodzi limabala njere zikwizikwi zazing'ono ngati fumbi, zimene zimatha kugona m'nthaka zaka zoposa khumi. Wolusa ndi maluwa okha, osasamala za nthaka, adzakumana naye chaka chamawa.

Ambuye Yezu adakulira pakati pa alimi, ndipo zoterezi ankazidziwa. M'mutu 13 wa Mthenga Wabwino wolembedwa ndi Mateyo Woyera muli fanizo la munthu amene adafesa tirigu, mdani nadzafesamo namsongole usiku. Antchito adafuna kukazula nthawi yomweyo, koma mwini munda adawaletsa, poopa kuti angazulire kumodzi ndi tirigu, nawauza kuti adikire nyengo yokolola. Tiwonetsetse bwino: mwini munda sadanene kuti namsongole ndi wabwino, ndiponso sadanene kuti kulekanitsa sikudzachitika. Chimene adakana ndi chakuti antchito adzipatse okha udindo umenewo nthawi isanakwane.

Nkhaniyi idavutitsapo Eklezia muno mu Afrika. Pambuyo pa mazunzo amene adayamba m'chaka cha 303 mu ulamuliro wa Diocletian, Akristu ena a kumpoto kwa Afrika, otsatira a Donatus, adati mpingo woona ndi wa oyera okhaokha, ndipo adakana atsogoleri amene adafooka pa nthawi ya mazunzo. Augustine Woyera, episkopi wa ku Hippo, adawatsutsa kwa zaka zambiri, mpaka pa msonkhano waukulu wa ku Carthage mu 411. Iye adaphunzitsa kuti pansi pano Eklezia ndi munda wosakaniza, ndi kuti munthu amasiyana ndi chomera pa chinthu chimodzi chachikulu: namsongole wa m'munda sasanduka tirigu, koma munthu wochimwa, ndi chaulere cha Mulungu, angathe kutembenuka. Adalankhula zimene adaziona pa moyo wake, pakuti iye mwini adabatizidwa mu 387 ali ndi zaka zoposa makumi atatu, mayi wake Monica atamulirira ndi kumupempherera nthawi yaitali. Akadamzula ali mnyamata, bwenzi Eklezia atataya mmodzi mwa aphunzitsi ake opambana.

Wina angaganize kuti izi ndi nkhani za m'mabuku a ku seminale. Iyayi, abale, ndi nkhani ya moyo ndi imfa m'dziko lathu lino. Mu Januwale 2016, m'boma la Neno, okalamba anai adaphedwa ndi anthu a kwao komwe powaganizira ufiti, mtsikana wina atafa ndi mphenzi. Mu 2017 mphekesera za anamapopa zidafalikira ku Mulanje, Phalombe ndi maboma oyandikana nawo, ndipo anthu adaphedwa popanda mlandu kuzengedwa. Lamulo la za ufiti la mu 1911 lidaletsa kale kuloza munthu chala kuti ndi mfiti, koma lamulo la pa pepala silifika kumene mantha afika. Ochita zimenezi ankakhulupirira kuti akupalira mudzi. Atazula, adapeza m'manja mwao muli agogo, ndipo mizu imene idatsomphokera pamodzi ndi adzukulu osowa owalera ndi mabanja odana mpaka lero.

Ifenso m'miphakati yathu tili nako kuzula kopanda magazi. Mtsikana wotenga pathupi asanakwatiwe timamtseka pakamwa mu kwaya ndi m'mitima mwathu momwe, mnyamata uja tikumupatsabe mpando. Bambo wogonja ku kachasu timaleka kumuyendera. Mayi wamasiye amene sadathe kupereka mtulo timamwerengera kunja. Palibe amene amawathamangitsa ndi mau, komabe onse amamva kuti khasu lawadutsa.

Apa wowerenga wanzeru afunsa kuti: kodi ndiye tizingopenyerera choipa chikukula? Ndi funso loyenera, ndipo yankho lake ndi lakuti ayi. Mateyo yemweyo, m'mutu 18, akutipatsa njira: wolakwa umuonere pa awiri, akakana utenge mboni, akakanabe nkhani ifike ku mpingo, ndipo cholinga cha zonsezi ndi kumubweza mbaleyo. Wakutsina khutu ndi mnansi. Munthu wogwirira mwana, wakuba, womenya mkazi wake, ayenera kuletsedwa lero lomwe ndi kuperekedwa m'manja mwa apolisi ndi a khoti, pakuti kubisa zotere ndi kupereka tirigu kwa mdani. Koma pali kusiyana pakati pa kuletsa ntchito yoipa imene umboni wake ulipo, ndi kugamula kuti munthu uyu ndi udzu kuyambira ku mizu, woyenera moto. Choyambacho ndi udindo wathu. Chachiwiricho ndi cha Mwini munda yekha, amene amaona za pansi pa nthaka.

Kaufiti yemwe uja atiphunzitse njira yotsiriza. Alangizi a zaulimi amatiuza kuti amakonda nthaka yoguga, ndipo mankhwala ake okhalitsa ndi manyowa ndi kasinthasintha wa mbewu, monga soya, mtedza ndi nandolo. Nsanje, miseche ndi kukayikirana nazonso zimakonda mudzi woguga, kumene njala yalowa, kumene odwala sayenderedwa ndipo okalamba amagona ndi njala ana ao ali pafupi. Anthu a ku Chilwa adaiona nyanja ikuphwa mu 1968, mu 1995 ndi mu 2018, ndipo akudziwa kuti pa nthawi zotere mtima umafulumira kufuna womuloza chala. Mphakati umene umalimira nkhalamba munda ndi kufolera nyumba ya wamasiye ukuthira manyowa, ndipo mphekesera zikafika sizipeza pogwira.

Ulipo munda umodzi wokha umene tili nacho chilolezo chonse choupalira popanda kudikira, ndiwo mtima wathu. M'menemo timadziwa chimene tidabzala ndi chimene chidamera usiku. Nyengo ya Lenti ikuyandikira, ndipo Sakramenti la Kulapa ndilo khasu lake. Makolo, pa pemphero la madzulo ano, tchulani ndi ana anu dzina la munthu mmodzi amene banja lanu lidamuleka, ndipo sabata isanathe mukamuone. Kuona maso a nkhono n'kudekha. Mulungu akudekha nafe chaka ndi chaka. Ifenso tidekhe ndi anzathu kufikira tsiku lokolola.