Mwana ndi wa yani?

Mwezi wathawu ndidalandira foni kuchokera ku Johannesburg. Mawu a munthu wachikulire adati: "Ndine bambo ako." Ndidangoti kakasi. Bambo amene ine ndimawadziwa ndi amalume anga a ku Chinamwali, omwe adandilipirira fizi pocheka matabwa. Mwini magaziyu adachoka ndidakali kumsana.

Madzulo ake ndidakwera phiri mpaka pa damu la Mulunguzi kuti ndikaganize bwino, ndipo m'mutu mwanga mudabwera mafilimu awiri.

Yoyamba ndi Like Father, Like Son, ya m'chaka cha 2013, imene adakonza Hirokazu Kore-eda wa ku Japan. Mabanja awiri auzidwa kuti ana awo adasinthanitsidwa kuchipatala, pamene anawo afika kale zaka 6. Kodi abwezerane? Kore-eda sakuwa, ndipo saweruza. Amangotionetsa anthu akudya, bambo wosauka akusamba ndi ana ake, akuwakonzera chidole chowonongeka. Bambo wolemera uja, yemwe ankati magazi ndiwo onse, apeza m'kamera zithunzi zimene mwana womulerayo adamujambula ali m'tulo, misozi n'kutsika. Apa mkuluyu akuti ubambo umawumbidwa ndi masiku amene mwakhalira limodzi.

Ndikadaonera iyi yokha, bwenzi nkhani itatha: amalume apambana. Koma kwathu konkuno Shemu Joyah adatipatsa Seasons of a Life mu 2008. Mtsikana wantchito apatsidwa mimba ndi bwana wake, n'kusiya mwana kuti apitirize sukulu. Patapita zaka, abwera kudzamufuna mwanayo. Nanga abale anzanga, ameneyu timuuze kuti alibe gawo poti sadalere? Masiku amene Kore-eda amawalemekezawo, iyeyu adachita kulandidwa.

Apa ndiye padandivuta. Akuluakulu adati mwana wa mnzako ngwako yemwe, koma omwewonso adati chibale ndi fupa, sichiola. Miyambi iwiriyi timasankhapo wotikomera tsikulo. Ine kwa zaka zoposa 30 ndakhala ndikusankha woyambawo, chifukwa umandilola kukwiya popanda kufunsa. Sindidafunsepo chimene chidawachotsa bambo aja. Kaya ndi nkhanza, kaya umphawi, kaya manyazi a mkamwini wobwera chimanjamanja, sindidziwa. Kudziwako sikudzafafaniza thukuta la amalume. Komabe kuweruza munthu usanamumve ndi mlandu pawokha, ndipo mafilimu onse awiriwa amakana kutero.

Potsika ndidagula mabulosi kwa ana a m'mbali mwa msewu wa Ku Chawe, n'kupita nawo ku Chinamwali. Amalume adamvetsera nkhani yonse akutafuna pang'onopang'ono.

"Ndiye ndiziwaitana kuti chiyani?" ndidafunsa.

"Iwe mphwanga," adatero, "yamba wawapatsa moni. Dzina lidzabwera lokha."

Ndiwaimbira Lamulungu likudzali.