Kuchotsa Mlandu wa Kunyoza Bwalo Osasiya Munda

M'boma la Mchinji, limene kale linkatchedwa Fort Manning, milandu ya minda siichepa. Mvula yoyamba ikagwa, munthu amene bwalo linamletsa kukhudza munda wa mkangano amapirira masiku awiri, tsiku lachitatu natenga khasu kukabzala. Pamenepo wodandaula ali ndi milandu iwiri m'manja mwake. Woyamba ndi wofuna kuti munda ubwerere kwa iye pamodzi ndi malipiro a zimene zaonongeka. Wachiwiri ndi wopempha kuti mnzakeyo alangidwe chifukwa cha kunyoza lamulo la bwalo, ndipo chilango chake chingathe kukhala faindi kapena ndende.

Tsono alipo ena amene amachotsa mlandu wachiwiriwo, koma woyamba naugwiritsa. Pamudzi amawanena kuti ndi a mitima iwiri: ngati akhululuka, alekerenji kusiya zonse?

Onenawo asokoneza zinthu ziwiri zosiyana. Kukhululuka kumachotsa chidani ndi mtima wofuna kuona mnzako akuzunzika. Ngongole sikuifafaniza ai. Akatekisiti adziwa bwino kuti wakuba, ngakhale walapa, ayenera ndithu kubweza mbuzi ya mwini. Papa Yohane Paulo II, amene anayendera Malawi mu 1989, anaomberedwa ndi Mehmet Ali Ağca pa 13 May 1981. Mu December 1983 anapita kukamchezera m'ndende ya Rebibbia ku Roma, atamkhululukira kale, koma munthuyo anakhalabe m'ndende ya ku Italy kufikira 2000. Momwemonso wodandaula akakana kuponyetsa m'ndende munthu wa ana asanu pa nyengo yopalira, wachita chifundo chenicheni; ndipo akasunga mlandu wa munda, wateteza chakudya cha ana ake a iye mwini. Munda wa makolo, makamaka kumene mbumba yonse imadyapo, suli wa munthu mmodzi kuti aupereke pofuna kutamandidwa.

Koma pali povuta. Wonyozedwa weniweni pa mlandu wotere ndi bwalo, ndipo munthu sangakhululuke mwano umene unachitikira wina. Lamulo la woweruza likamaphwanyidwa popanda chotsatira, mawa wamasiye adzanyamula chikalata cha chiletso chopanda mphamvu, ndipo wolemera adzamseka. Nchifukwa chake mu June 2021 bwalo loona za malamulo aakulu ku South Africa linagamula kuti Jacob Zuma, amene anali mtsogoleri wa dziko, akhale m'ndende miyezi 15 chifukwa chokana kumvera lamulo loti akaonekere pamaso pa bungwe lofufuza la Raymond Zondo. Ukulu wake sunamtchinjirize.

Motero nthawi yoyenera kuchotsa mlanduwo ndiyo pamene mwano watha: wobzala uja watuluka m'munda, wavomera kudikira chiweruzo, ndipo woweruza wadziwitsidwa zonsezo poyera. Akauchotsa mnzake akali kulima, kawirikawiri ndi mantha, kapena wina wamnong'oneza kuseri. Choipa koposa ndi kuugwiritsa ntchito ngati chikoti, kuuchotsa lero kuti mnzake agonje pa malire, ndi kumuopseza nawonso mawa. Amene wachotsa moona mtima sautchulanso. Amadikira tsiku la mlandu wa munda, napita ku bwalo ndi mboni zake, ndi mfumu imene idziwa pamene panali mtengo wa malire.